Miyezi iwiri ya kumwamba yandisokonezera kalendala m'chaputala 22

A Phiri (Mufakose): Anzanga olemba, ndithandizeni, chifukwa mkonzi akufuna zolemba zonse Lachisanu ndipo ine mutu waima. Dziko la m'buku langa lili ndi chaka cha miyezi 13 ya masiku 28, kuwonjezapo tsiku limodzi lopatulika lomwe sililowa m'mwezi uliwonse, onse pamodzi masiku 365. Kumwamba kuli miyezi iwiri, waukulu wozungulira masiku 28 ndi waung'ono wozungulira masiku 20. Mwana wa mfumu anabadwa tsiku loyamba la chaka, miyezi yonse iwiri ili yathunthu, ndipo m'chaputala 22 akulongedwa ufumu atakwanitsa zaka 14, pa tsiku lomwelo, kunja kukuwala ngati masana. Dzulo ndawerenga mu Excel ndipo manambala akukana. Ndalakwitsa pati?

A Nangozo (Highfield): Achimwene, Excel sinalakwe. Mwezi waukulu wa kumwamba sudziwa kuti tsiku lanu lopatulika siliwerengedwa, umangopitiriza ulendo wake, choncho chaka chilichonse umasiyana ndi kalendala yanu ndi tsiku limodzi. Zaka 14 ndi masiku 5,110. Mukagawa ndi 28 patsala 14, mukagawa ndi 20 patsala 10, lomwe ndi theka la ulendo wa mwezi uliwonse wa kumwamba, kutanthauza kuti usiku wolonga ufumuwo miyezi yonse iwiri ili mumdima. Imakumana yathunthu pa masiku 140 alionse, ndiye mwambo wanu muusunthe ndi masiku 70, kutsogolo kapena kumbuyo. Ndikuchenjezeninso kuti musagwiritse ntchito madeti a Excel pa dziko lopeka. Lembani nambala ya tsiku kuyambira pa ziro, kenako muike MOD, lamulo la mu Excel lomwe limapereka chotsala mukagawa nambala. Pulogalamuyi imavomereza ngakhale 29 February 1900, tsiku lomwe silinakhaleko, ndiye musaikhulupirire pa miyezi 13.

A Banda (Mbare): Bambo Phiri, ine ndakonza zolemba za anthu kwa zaka zambiri ndipo sindinaonepo wowerenga atatenga pensulo kuti awerenge masiku a mwezi. Chotsani kalendala yonseyo. Lembani kuti kunali m'masika, chimanga chili m'nkhokwe, mwezi ukuwala. Agogo athu ankasimba nthano za mibadwo itatu popanda deti ngakhale limodzi.

A Mwale (Dzivarasekwa): Owerenga amawerenga ndithu, a Banda. Ndinalembapo sewero la pa wailesi momwe mayi wina anatenga pakati mvula yoyamba itagwa n'kudzachira mvula yoyamba ya chaka chotsatira, ndipo amene anandigwira anali azakhali anga, osati mkonzi. Anandifunsa pamaso pa anthu pamaliro ngati mwanayo anali wa njovu. Kuyambira pamenepo ndimapachika pepala la masiku pakhoma ndisanalembe chiganizo choyamba.

A Nabanda (Glen Norah): Chenjezo langa ndi la mawu. M'Chichewa liwu lakuti mwezi limatanthauza wa kumwamba ndi wa pa kalendala, ndipo inu muli ndi iwiri kumwamba ndi 13 pansi, moti ngakhale funso lanu ndaliwerenga kawiri. Ipatseni maina ake miyezi ya kumwambayo, ndipo liwu lakuti mwezi lisungireni kalendala yokha. Musamalenso mukamabwereka miyambo ya kuno. Tonse tikudziwa kuti m'mwezi wa Mbudzi, November, anzathu achishona ambiri sachita maukwati kapena miyambo ya mizimu, ndiye mukatcha mwezi wanu dzina lofanana nalo n'kuikamo phwando la ufumu, owerenga a mu Harare muno adzaona ngati mwano.

A Banda (Mbare): Mwaonatu, vuto lina labadwa kale. Palibe kalendala, palibe mwano.

A Mwale (Dzivarasekwa): Komatu makalendala enieni nawonso amatayana ndi thambo, ndipo anthu amangowasoka zigamba. Chaka cha dzuwa chili ndi masiku pafupifupi 365.24, pamene miyezi 12 ya kumwamba imangokwana masiku 354, n'chifukwa chake Ramadan imabwera msanga ndi masiku pafupifupi 11 chaka chilichonse. Ayuda amawonjezera mwezi wathunthu kasanu ndi kawiri pa zaka 19. Ku Ethiopia ali ndi miyezi 12 ya masiku 30 ndi kamwezi ka Pagume ka masiku asanu kapena asanu ndi limodzi. Mu 1582 Papa Gregory XIII anachotsa masiku 10, anthu anagona pa 4 October n'kudzuka pa 15 October, ndipo Britain inadikira mpaka 1752. Ansembe a m'buku lanu akhoza kukhala ndi chigamba chawo, koma musachitchule koyamba m'chaputala 22, chifukwa aliyense adzaona kuti mukubisa cholakwa.

A Nangozo (Highfield): Ine ndikadakhala inu sindikadasuntha kanthu. Mwana wobadwa kukuwala miyezi iwiri n'kudzalongedwa ufumu usiku wa mdima wandiweyani, imeneyo ndi mphatso yomwe masamu akupatsani. Koma musanasinthe, fufuzani malo onse amene munatchulapo kuwala kwa mwezi kuyambira chaputala choyamba, chifukwa ngati pano palakwika ndiye kuti ulendo wa usiku uliwonse m'zaka 14 zimenezi ukufunika kuwerengedwanso. Sungani kope lakale padera musanakhudze chilichonse, magetsi a masiku ano sapereka chenjezo.

A Banda (Mbare): Kuwerenganso machaputala 22 pofika Lachisanu, a Nangozo? Ndikubwereza, ngakhale mutope nane, kuti dzinja, masika ndi chilimwe n'zokwanira.

A Nabanda (Glen Norah): A Phiri, kodi m'dziko lanulo sabata lili ndi masiku angati? Ngati tsiku lopatulikalo sililowanso m'sabata, ndiye kuti masiku a msika nawonso muwayang'ane.