Kodi Adobe Reader 9 ndingapitirize kuigwiritsa ntchito?

Wa papelaria, Ulongwe:
Akuluakulu, ndili ndi papelaria pafupi ndi msika, ndipo kompyuta imene timasindikizira zikalata za anthu ili ndi Windows 7 komanso Adobe Reader 9. Pulogalamuyi sinativutitsepo, imatsegula mafomu ndi mayeso a ana asukulu mosachedwa, koma mphwanga amene akuphunzira ku Tete akuumirira kuti tiichotse. Kodi chinthu chimene chikugwira ntchito bwinobwino chingakhale choopsa bwanji?

Wokonza makompyuta, Moatize:
Bambo, mphwanuyo akunena zoona. Reader 9 inatuluka mu 2008, ndipo a Adobe anasiya kuikonza mu June 2013, kotero chibowo chilichonse cholowera mavayirasi chimene chapezeka kuchokera nthawi imeneyo chidakali chosatseka. Fayilo ya PDF imaoneka ngati pepala wamba, koma mkati mwake mukhoza kubisidwa malangizo a JavaScript kapena chithunzi chopangidwa mwachinyengo, zimene zimasokoneza pulogalamuyo n'kulowetsa vayirasi inu mukungowerenga kalata yofunsira ntchito. N'chifukwa chake mu 2010 anatulutsa Reader X yokhala ndi Protected Mode, imene imatsekera fayilo m'khola lakelake kuti isakhudze zina zonse za m'kompyuta. Reader 9 ilibe khola limeneli.

Mphunzitsi, Tsangano:
Ine ndikuona ngati mukuwaopseza kwambiri bambowa. Ambirife PDF tinaidziwira pa pulogalamu yomweyi, ndipo zatsopanozi n'zolemera, zimadya ma mega ambiri pozikopera, ndiponso kompyuta yakale imazizira nazo. Ngati makinawo salumikizidwa pa intaneti, vayirasiyo idzera kuti?

Wokonza makompyuta, Moatize:
Aphunzitsi, idzera pa fulashi. Pa papelaria aliyense amabwera ndi yake, wina waitenga ku ofesi, wina ku malire a Calómuè, wina fayiloyo anamutumizira pa WhatsApp munthu amene sakumudziwa n'komwe, ndipo zonsezo zimatsegulidwa pa kompyuta imodzi imene mwina muli zithunzi za ziphaso za BI ndi manambala a msonkho a NUIT a makasitomala. Za kulemera zija ndikugwirizana nanu, koma pali SumatraPDF, yaulere, yaing'ono kwambiri, ndipo siyendetsa JavaScript. Posindikiza chabe imakwana.

Ngati mwiniwake sangathe kuchotsa Reader 9 lero, alowe pa Editar, kenako Preferências, apeze JavaScript n'kuchotsa chongera, ndipo asamagwire ntchito pa akaunti ya administrador. Izi zikungochepetsa ngozi, poti Windows 7 nayonso a Microsoft anasiya kuikonza mu January 2020.

Wa papelaria, Ulongwe:
Zikomo kwambiri nonse. Nanga mafomu aja amene munthu amalembamo pa kompyuta asanasindikize, SumatraPDF imawatha?

Wokonza makompyuta, Moatize:
Amenewo muziwatsegula ndi Firefox, imene imawerenga PDF payokha ndipo imalola kulemba m'mipata ya fomu. Pa Windows 7 funani Firefox ya mtundu wa ESR 115.