Sizoni yomaliza ya ABA: chikho cha Nets cha 1976 n'chowerengeka kapena ayi?

Abale okonda basketball pagulu pano, ndithandizeni maganizo. Ndimaphunzitsa anyamata a msinkhu wa kusekondale, ndipo nthawi zina tikamaliza zokonzekera timakhala pansi n'kumakambirana mbiri ya masewerawa. Ulendo uno ndikufuna kuwafotokozera za American Basketball Association, ABA, ligi ya ku America yomwe inayamba mu 1967 n'kutha mu 1976, makamaka sizoni yake yomaliza ya 1975-76.

Mnzanga amene timaphunzitsa naye sakugwirizana nazo. Akuti sizoni imeneyo inali chipwirikiti chokhachokha, ndipo chikho chomwe New York Nets inatenga sichingaikidwe pamodzi ndi zikho za NBA, ligi ina yaikulu ya ku America yomwe inkapikisana ndi ABA. Mfundo zake n'zomveka ndithu. Ligi inayenera kuyamba ndi matimu 10. Baltimore Claws inagwa mu Okutobala 1975 isanasewere ngakhale gemu imodzi ya muligi. San Diego Sails inatsatira mu Novembala itasewera magemu 11, ndipo Utah Stars, yomwe inatengapo chikho mu 1971, inatseka zitseko mu Disembala. Anatsala matimu 7 basi, magawo a kummawa ndi kumadzulo n'kuthetsedwa.

Ine mtima wanga ukukana kuti sizoni yomwe munali Julius Erving, George Gervin, David Thompson, Artis Gilmore ndi Moses Malone tingoitaya choncho. Ndiye funso langa n'lakuti: anawa ndiwauze kuti chikhochi n'chenicheni? Nanga ndiyambire pa mpira kapena pa nkhani ya ndalama yomwe inapha ligiyi?

Mkulu wa ku Ndirande:
Achimwene, auzeni anawo mosajejema kuti chikhocho n'chenicheni. Mnzanuyo akaone kaye momwe ndime yomaliza ya pakati pa Nets ndi Denver inayendera. Denver Nuggets ya Larry Brown ndiyo inali pamwamba muligi, itapambana magemu 60 n'kugonja 24, ndipo inali ndi Thompson, Dan Issel ndi Bobby Jones, yemwe ankadziwika kuti potchinga sanyengerera munthu. Jones yemweyo ndiye anapatsidwa ntchito yolondera Erving wa Nets, koma Erving ankamwetsa mapointi oposa 37 pa gemu mumndandanda wonsewo. Gemu yachisanu ndi chimodzi, pa 13 Meyi 1976 ku Nassau Coliseum, Nets inali kumbuyo ndi mapointi 22 m'gawo lachitatu. Anyamata a Kevin Loughery, kochi wa Nets, anayamba kupanikiza bwalo lonse, Denver n'kuyamba kutaya mpira mwachisawawa, John Williamson n'kuyaka moto m'gawo lomaliza. Zinatha 112 kwa 106, Nets n'kutenga chikho 4-2. Imeneyo ndiyo inali gemu yomaliza ya ABA. Munthu woonera zimenezo sanganene kuti kunalibe mpikisano.

Mayi wowerengera ndalama:
Ine ndikuti yambirani pa ndalama, chifukwa popanda zimenezo ana sadzamvetsa kuti ligi ya osewera otere inafa bwanji. ABA inalibe mgwirizano waukulu wa wailesi ya kanema woonetsa magemu ake dziko lonse, ndiye matimu ankadalira anthu olipira pakhomo, chonsecho akulimbirana osewera ndi NBA pamalipiro. Sizoni isanayambe n'komwe, Nuggets ndi Nets zinali zitapempha kale kulowa mu NBA, anzawo osadziwa bwinobwino tsogolo lawo.

Mu Juni 1976 NBA inalandira matimu anayi okha: Nets, Nuggets, Indiana Pacers ndi San Antonio Spurs, iliyonse polipira madola 3.2 miliyoni. Nets inauzidwanso kupereka madola 4.8 miliyoni kwa New York Knicks chifukwa cholowa m'dera lawo. Mapeto ake inagulitsa Erving ku Philadelphia 76ers pa madola 3 miliyoni, ndipo sizoni yotsatira akatswiri aja anapambana magemu 22 okha. Zimandipweteka ndikaganiza kuti timu inagulitsa munthu amene anaipatsa chikho kuti ipeze ndalama zolowera pakhomo.

Kenaka afotokozereni za eni matimu awiri omwe anatsala panja. John Y. Brown wa Kentucky Colonels analandira ndalama zake kamodzi, pafupifupi madola 3 miliyoni, n'kutseka timu yomwe inali itangotenga chikho mu 1975. Ozzie ndi Daniel Silna, pachibale pawo, eni Spirits of St. Louis, anapempha gawo limodzi mwa magawo asanu ndi awiri a ndalama za kanema za matimu anayi aja mpaka kalekale. Anadya ndalama zimenezo zaka zambirimbiri alibe timu, mpaka mu 2014 pomwe NBA inagwirizana nawo kuwapatsa ndalama zomwe zinamveka kuti ndi madola 500 miliyoni kuti gawo lalikulu la mgwirizanowo lithe.

Wosewera wakale:
Pepani akuluakulu, ine ndili mbali ya mnzawoyo pang'ono. Matimu akatsala 7, mumangokumana ndi anthu omwewo sabata ndi sabata. Komanso Virginia Squires inali itatheratu: inapambana magemu 15 n'kugonja 68, malipiro akuvuta, makochi akusinthasintha, ndipo inagwa mu Meyi mgwirizano ndi NBA usanachitike. Aliyense ankakatola chipambano kumeneko. Ndiye chiwerengero cha 60 cha Denver kapena 55 cha Nets musachitenge ngati chimodzimodzi ndi cha ligi ya matimu 18 monga inalili NBA nthawi imeneyo. Anawo muwauzenso zimenezi, asangomva zokoma zokha.

Mkulu wa ku Ndirande:
Za Squires zo ndavomera, bambo. Komatu osewera a matimu omwe anagwa sanapite kumudzi, abwino anamwazikira m'matimu otsalawo. Malone anachoka ku Utah kupita ku St. Louis, Issel yemwe Kentucky inamugulitsa ku Baltimore anakathera ku Denver. Matimu anachepa koma otsala pamwamba analimba. Ndipo umboni unabwera chaka chotsatira. Denver itangolowa mu NBA inatsogola m'gawo lake itapambana magemu 50. Pa osewera 24 a All-Star Game ya NBA ya 1977, gemu ya akatswiri osankhidwa m'matimu osiyanasiyana, khumi anali ochokera ku ABA. Ndime yomaliza ya NBA chaka chimenecho, Portland inali ndi Maurice Lucas ndi Dave Twardzik, Philadelphia inali ndi Erving, George McGinnis ndi Caldwell Jones, onsewo ana a ABA.

Mphunzitsi wa atsikana:
Aphunzitsi anzanga, ana a msinkhu umenewo mukawayambira ndi mamiliyoni a madola agona. Ayambireni ndi chinthu chomwe amachidziwa kale. Afunseni kuti mpikisano wa dunk unayambira kuti, kenaka muwaonetse kanema wa ku McNichols Arena ku Denver, pa 27 Januwale 1976. Poti matimu anali atachepa, All-Star Game inali Nuggets kulimbana ndi akatswiri a matimu ena onse, ndipo Denver inapambana 144 kwa 138. Pa nthawi yopuma kunali mpikisano wa dunk, ndipo Erving anayamba wawerenga mapazi kuchokera pamzere wa free throw kupita mbali ina ya bwalo, anthu ali chete kudabwa kuti akutani, n'kutembenuka, kuthamanga, kudumphira pamzere pomwepo mpira uli m'dzanja limodzi. Kanemayo alipo pa YouTube. Akaona mpira wa ABA wa mitundu itatu uja, wofiira, woyera ndi wabuluu, ayamba okha kufunsa. Pamenepo muwauze kuti mzere wa mapointi atatu womwe amaukonda chonchi ABA inali nawo kuyambira 1967, pomwe NBA inadzautenga mu 1979.

Mwini funso:
Zikomo nonse. Ndiyambira pa kanema wa ku Denver, ndibwere pa gemu ya pa 13 Meyi, ndalama zibwere pambuyo, ndipo mfundo ya Squires ndiinena monga momwe bambo aja anenera. Chikho ndiwauza kuti n'chenicheni. Chimene chikundivutabe ndi ichi: NBA siphatikiza mapointi a ku ABA m'mabuku ake, moti Erving amene anamwetsa oposa 30,000 m'maligi onse awiri amaoneka wotsika pamndandanda wawo. Nanga osewera wamba omwe matimu awo anagwa pakati pa sizoni, anathera kuti? Mwana akandifunsa ndikufuna ndikhale ndi yankho.

Mayi wowerengera ndalama:
Akatswiri a Kentucky ndi St. Louis anagawidwa ku matimu a NBA: Gilmore ku Chicago Bulls, Marvin Barnes ku Detroit Pistons, Lucas ndi Malone ku Portland, ngakhale Malone sanakhalitseko. Ambiri otsalawo ntchito inathera pomwepo, ndipo ena anakalamba movutika opanda penshoni ya NBA. Bungwe la Dropping Dimes Foundation la ku Indianapolis linawamenyera nkhondo zaka zingapo, mpaka mu 2022 NBA ndi bungwe la osewera anavomera kupereka madola 24.5 miliyoni kwa osewera akale a ABA oposa 100 omwe anali adakali moyo. Panali patadutsa zaka 46, ndipo anzawo ena anali atamwalira akudikira. Mukafika pamenepo, aloleni anawo afunse mafunso musanapitirire.