Thandizeni: supu wa nkhuku wa ku Mexico, ma tortilla akungophwanyika

Wofunsa: Amayi ndi abambo a pagulu pano, mwaswera bwanji? Ndabwera ndi funso la kukhitchini. Mng'ono wanga anakwatiwa ku America, mwamuna wake makolo ake ndi a ku Mexico, ndipo akubwera kudzationa kuno ku Lilongwe kumapeto a mwezi uno. Mng'ono wangayo wandinong'oneza kuti alamu amafera supu wa nkhuku wothira tizidutswa ta tortilla tokazinga, amene kwawo amati sopa de tortilla. Tortilla ndi kamkate kawo kopyapyala ka chimanga, kooneka ngati chapati. Ndikufuna tsiku limodzi ndiwalandire ndi chakudya chakwawo.

Nkhuku, matimati, anyezi, adyo, mandimu, zonsezo ndi zapamsika. Mapeyala ndiye ali mbwee nyengo ino. Pamene pandivuta ndi pa ma tortilla. Pa YouTube amangoti ufa wa chimanga, madzi, kanda, phwatalatsa. Ndakanda ufa woyera, ukungosweka m'manja. Mgaiwa nawo chimodzimodzi, ndikati ndiuchotse pa pulasitiki kuti upite pa chiwaya umafika uli zidutswazidutswa. Kodi ufa wawo ndi wina? Chachiwiri, msuziwo ukumatuluka wamadzimadzi, wofiira mbuu, kukoma kwake kwa matimati owiritsa basi. Amene munaphikapo ndiuzeni.

Bambo wina wa ku Kasungu: Adona, mlendo wachoka kutali kuja mukamupatse zomwe wasiya kwawo? Iphani nkhuku yachikuda, nsima ya mgaiwa, nkhwani wotendera. Akafuna za kwawo aphike yekha, mudzaonere pomwepo.

Wofunsa: Nsima adzaidya mpaka kuitopa, bambo, musadandaule. Ndi tsiku limodzi lokha ili.

Mlongo wokhala ku Houston: Asisi, manja anu alibe vuto, ufa wawo ndi winadi. Chimanga cha tortilla amayamba achiwiritsa m'madzi othira laimu wa zakudya, amene a ku Mexico amamutcha cal. Chikagona m'madzimo usiku wonse, khungu limasupuka, mkati mwa njere mumasintha, ndipo akachipera chili chonyowa chimagwirana bwino osasweka. Fungo lenileni la tortilla limachokeranso pamenepo. Ufa wathu woyera timakonola, kuviika, kuyanika n'kukagayitsa, koma laimu mulibe, ndiye chouchititsa kugwirana palibe. Kuno timangogula ufa wokonzeratu wotchedwa masa harina, wodziwika kwambiri ndi wa Maseca. Njira yachidule ndi imeneyi: muuzeni mng'ono wanu aponye paketi imodzi m'chikwama.

Wofunsa: Koma ndimafuna kuti alamu asadziwe, adzangoona mbale yafika. Mng'ono wangayo pakamwa pake sipasunga kanthu, akangogula ufawo nkhani yatha.

Mlongo wokhala ku Houston: Ndiye konzani nokha, sizovuta, kungoti zimadya nthawi. Chimanga 1 kg, madzi malita 3, laimu magalamu 10, pafupifupi supuni yaikulu imodzi. Wiritsani pamoto wapakatikati mpaka mukatikita njere ndi zala khungu lizichoka, mukailuma kunja kwafewa koma pakati pakadali kagwa. Chimanga cha hybrid chimatenga mwina theka la ola, chamakolo n'cholimba, chimapitirira. Phulani, vundikirani, chigone maola 8 mpaka 12. M'mawa tayani madzi achikasuwo, tsukani chimangacho mukutikita mpaka madzi ayere. Poto asakhale wa aluminiyamu ngati mapoto athu ambiri aja, laimu amamudya. Pezani wa stainless steel kapena wa enamel.

Mayi wa ku Ndirande: Laimu wake ndi yemweyu timapakira nyumba pa Khirisimasiyu? Ndili naye theka la thumba, nditumize?

Namwino wa ku Zomba: Ayi mayi, wa ku hardware musamuyandikitse ku chakudya. Sanapangidwire kudya, ndipo simungadziwe zomwe zasakanikirana mmenemo. Pamafunika wolembedwa kuti calcium hydroxide wa zakudya. Ngakhale ameneyo amawotcha khungu ndi maso akakhala wambiri, ana asamufikire. Chimanganso chisakhale cha mbewu chopakidwa mankhwala ofiira kapena obiriwira chija.

Ndiwonjezere pang'ono poti nkhaniyi imandikhudza pa ntchito. Kuwiritsa chimanga mu laimu kumamasula vitamini B3 amene ali m'chimangamo koma thupi lathu limalephera kumutenga. Chimanga chinachokera ku Mexico komweko, kuno ku Africa chinafika ndi Apwitikizi m'zaka za m'ma 1500, koma njira yophikirayi inatsalira kwawo. N'chifukwa chake matenda a pellagra, othetheka khungu aja, amagwira anthu amene akudalira chimanga chokha popanda nyemba, mtedza kapena nsomba. Kuno anavuta kwambiri cha mu 1990 pakati pa othawa nkhondo a ku Mozambique.

Agogo aakazi a ku Mulanje: Anangatu, laimu mukumuvutikirayu, bwanji chidulo? Ife therere timaphikira madzi a phulusa kuyambira kalekale. Phulusa la zitsononkho kapena la makoko a nyemba, kuthira madzi, kudontheza, basi.

Mlongo wokhala ku Houston: Agogo mwalasa. Phulusa la nkhuni limagwira ntchito yomweyo, ndipo mitundu ina ya anthu a kuno ku America inkaphikira chimanga m'phulusa. Kungoti mphamvu ya chidulo imasiyana malinga ndi phulusa lake, ndiye muyezo wake ndi zala zanu: khungu likayamba kusupuka, chakwana. Litakhala losakanikirana ndi mapepala kapena mapulasitiki a pamoto, litayeni. Ndipo mutsuke kwambiri, apo ayi tortilla idzamveka sopo.

Mayi wa ku Ndirande: Nanga soda?

Mlongo wokhala ku Houston: Soda amachotsa khungu, koma mphamvu yake ndi yochepa ndipo kakomedwe kamatuluka kena. Ine ndingasankhe chidulo cha agogo.

Wofunsa: Zikomo nonse. Nanga kupera? Akuchigayo sangalole chimanga chonyowa, adzati chitseka sefa.

Agogo aakazi a ku Mulanje: Mtondo mulibe? Kilo imodzi ndi ntchito ya kanthawi kochepa. Ngati msana ukukana, chiyanikeni pamphasa chiume gwa, mukagayitse ngati mphale. Kungoti akuchigayo sayatsa injini chifukwa cha kilo imodzi, konzani chambiri.

Wophika pa hotela ina ku Mangochi: Ndalowa mochedwa koma ndinenepo, chifukwa mukulimbana kwambiri ndi tortilla pamene vuto lalikulu lili mumphika. Tortilla ya mu supu mudzaidula n'kuikazinga, palibe adzaone ngati inali yozungulira bwino. Koma msuzi wozizira mkamwa subisika.

Matimati musawiritse. Tengani akupsa bwino 6, anyezi mmodzi woduladula mokulirapo, adyo timagawo 3 tosasenda, muike pa chiwaya chouma kapena pa waya pamwamba pa mbaula. Atuwe, ade mawangamawanga, matimati ayambe kudontha. Apa ife a makala tili pabwino kuposa a magetsi, kautsi kaja n'komwe kamafunika. Sendani adyo, musinje zonse mu kamtondo kapena mu blender. Kenaka chimene ambiri amadumpha: tenthetsani mafuta masupuni awiri, muthire zosinjazo, zichite phokoso, muzitakasa mpaka zitakhuthala n'kuda, mafuta ayambe kuonekera m'mbali. Mphindi 8 kapena 10. Pamenepo mpamene muthire msuzi wa nkhuku, pafupifupi lita ndi theka, ubwate pang'onopang'ono mphindi 20.

Nkhukuyo, ndigwirizane ndi bambo a ku Kasungu pa chimodzi: yachikuda. Ya broiler imapsa msanga koma msuzi wake ndi wopanda mphamvu. Iphikeni ndi mafupa ake, khosi ndi mapazi omwe, kuyambira m'madzi ozizira, muziwola thovu. Ikafewa ivuuleni, munyotsole nyama ndi manja motsata mitsempha, mafupa abwerere mumphika. Nyamayo mudzaibwezere kumapeto kuti isasanduke ulusi.

Mnyamata wa ku Mzuzu: Thiranimo kambuzi wambiri, anthu a ku Mexico tsabola ndi kwawo.

Wophika pa hotela ina ku Mangochi: Achimwene, pamenepo mungamupweteke mlendo. Tsabola wa supu ameneyu ndi pasilla, wouma, wakuda, wautali, ndipo sawawa kwenikweni, ntchito yake ndi fungo. Kuno choyandikirako ndi paprika wouma wathunthu, amene alimi athu amalima. Chotsani njere, mumuwambe pa chiwaya masekondi ochepa chabe, akapserera amawawa ngati mankhwala. Mviikeni m'madzi otentha, musinjire limodzi ndi matimati. Kambuzi akhale pambali m'kambale, wofuna adzithirire.

Mlongo wokhala ku Houston: Asisi, funsaninso mwanzeru kuti alamu anakulira mbali iti. Supu wa ku Mexico City, amene ena amati sopa azteca, amakhala msuzi wa matimati wopepuka, nthawi zina wopanda nyama n'komwe, ndipo amathiramo tsamba lotchedwa epazote. Wa kuno ku Texas amakhala wodzaza: nkhuku yambiri, nyemba zakuda, chimanga chachiwisi, cumin. Ngati ndi wa ku Texas, nyemba zathu zophika bwino zilowa m'malo, chimanga chachiwisi ndiye ndi nthawi yake ino.

Wofunsa: Anabadwira ku San Antonio, ku Texas komweko, koma amayi ake ndi amene ankaphika.

Mlongo wokhala ku Houston: Ndiye tsatirani wa amayi, wopepukayo, mungowonjezera nkhuku. Nyemba musiye.

Mayi wa ku Area 25: Ine ndine waulesi, ndikuuzeni za aulesi. M'mashopu akuluakulu mumapezeka ma tortilla chips a mchere okha. Tengani amenewo, osati Doritos a cheese aja, amadetsa msuzi n'kuphimba kukoma konse. Chapati kapena ma wrap a tirigu musayese, akalowa mu supu amaterera. Njira ina, makapu 3 a mgaiwa wosefa, kapu imodzi ya ufa wa tirigu, madzi otentha kwambiri, imagwirana ndithu. Alamu adzadziwa kuti si yeniyeni, koma idyeka.

Wophika pa hotela ina ku Mangochi: Iliyonse imene musankhe, ma tortilla muwotche dzulo lake agone, akauma pang'ono samwa mafuta. Duleni timizere ngati chala, kazingani mpaka tichite khirikhiri, thirani mchere tili totentha. Musaponye mumphika. Tiikeni m'mbale ya munthu aliyense, msuzi wotentha pamwamba, adye nthawi yomweyo. Ngati msuzi ukuonekabe wopyapyala, sinjirani timizere tiwiri titatu mu matimati muja. Patebulo pakhale peyala loduladula, mandimu, masamba a coriander, ndi chambiko wokhuthala m'malo mwa crema wawo. Cheese wawo woyera amene amati queso fresco kuno ndi wosowa, feta pang'ono amalowa m'malo, koma ali ndi mchere wambiri ndiye muchepetse wa mumphika.

Wofunsa: Chambiko mu supu wa nkhuku! Amayi anga akadzaona adzati ndapenga. Chabwino, Loweruka lino ndiyesa ndi chidulo, poto wa enamel ndibwereka kwa aneba, ma chips a mu shopu akhale pafupi ngati zitakanika. Agogo, phulusa la zitsononkho ndithire lochuluka bwanji pa chimanga cha kilo imodzi?

Agogo aakazi a ku Mulanje: Dzazani chitini chobowola pansi, mudontheze madzi kawiri m'phulusa lomwelo kuti chikhale chaukali. Mukaviika chala n'kumva kuterera, chakwana. Zikatheka mutijambulire tione.

Bambo wina wa ku Kasungu: Ndipo nthutumba ya nkhukuyo musainyotsolere mu supu, ndi ya mlendo. Mupatseni payokha.