Mwana wanga akufuna ntchito ya msonkho koma anaphunzira psychology

Nachisale wa ku Chinamwali:
Abale, ndithandizeni nzeru. Mwana wa malemu achemwali anga, amene ndamulera ndekha kuchokera ali sitandade 4, wamaliza digiri ya psychology ku Chanco. Pano akuti akufuna kukalowa ku MRA. Ine ndamuuza kuti kumeneko n'kwa anthu a akaunti, iye wangondiseka. Chikundisowetsa tulo kwenikweni ndi boda. Mtsikana wa zaka 24 akamuponye ku Mwanza kapena ku Songwe, pakati pa madalaivala a mathiraki, usiku? Alipo mzimayi amene anayamba ntchito imeneyi n'kukafika pamwamba, kapena amangokalambira pa kauntala?

Mdala wa ku Limbe:
Mayi, mtima pansi. Ine ndakhala clearing agent zaka 22 mpaka maondo atakana, ndiye za kasitomu ndazidya ndi mchere womwe. Mumuuze mwanayo afufuze dzina la Allen Kagina wa ku Uganda. Digiri yake yoyamba, ya ku Makerere, inali ya psychology yomweyo. Kenako anakachita za kayendetsedwe ka boma ku Liverpool. Analowa ku Uganda Revenue Authority, MRA ya kumeneko, bungwelo likadali lakhanda, poti linakhazikitsidwa mu 1991, ndipo anakwerera ku kasitomu komwe mukukuopako mpaka kukhala mkulu wa nthambiyo. Mu 2004 anamupatsa bungwe lonse.

Analitenga litanunkha. Mu 2002 boma linachita kukhazikitsa komishoni ya Jaji Julia Sebutinde kuti ifufuze za ziphuphu mmenemo. Kagina atangokhala pampando, antchito anauzidwa kuti afunsirenso ntchito zawo, ngati alendo. Ambiri sanabwerere. Tangoganizani: munthu amene munkadya naye nsima masana, lero mukumuuza kuti alembenso kalata yofunsira mpando umene waukhalira zaka khumi. Pamenepo akaunti ikuthandizani chiyani? Pamafunika kudziwa anthu, amene akunama, amene akuopa, amene angapirire. Ngakhale pa boda mmene ndinkaonera ine, ofisala wabwino sankagwira katundu wozemba ndi kakyuleta. Ankangoyang'ana mmene dalaivala akuyankhira funso lachiwiri.

Kagina anakhalapo zaka 10, mpaka 2014, ndipo amene anamulowa m'malo, Doris Akol, analinso mzimayi, loya.

Kambewa:
Madala, nkhaniyo mwaikometsa kwambiri. Zoona ndalama zotoleredwa zinakwera, kuchoka pafupifupi 2 thiriliyoni ya mashilingi kufika cha m'ma 8 thiriliyoni pa chaka. Koma mukaziyerekeza ndi kukula kwa chuma cha dzikolo, gawo la msonkho silinasunthe kwenikweni, linkangozungulira pa 12 kapena 13 pa 100 aliwonse. Komanso mpando wa mkulu wa bungwelo suli ngati wa ahedi, umadalira amene ali ku nyumba ya boma. Akol yemweyo anamuchotsa mu 2020 m'malo mwake n'kuikamo John Musinguzi. Mwana wanuyo, mayi, alowe akudziwa zimenezi. Ndipo ngakhale atamulemba ndi psychology yakeyo, awonjezerepo kapepala ka akaunti kapena ka malamulo a msonkho, poti VAT ndi PAYE sizimva nkhope.

MaPhiri ku Harare:
Kuno ZIMRA, MRA ya ku Zimbabwe, inatsogoleredwapo ndi Faith Mazani kuyambira 2018, kenako anapita ku IMF. Ndiye azimayi alipo ndithu. Za boda musamubise, mumuuze zoona: kuli fumbi, kugwira usiku, ndi anthu obwera ndi envelopu akumwetulira. Yoyambayo akaikana, mbiri imamveka msanga ndipo ena amasiya kumuyesa.

Nachisale wa ku Chinamwali:
Zikomo nonse. Ndamuwerengera zimene mwalembazi akuphika. Atamva za Makerere anasiya mthiko n'kunena kuti, "Mwaonatu amayi." Za kapepala ka akaunti wavomera, a Kambewa, akuti ayamba makalasi a Loweruka akangopeza ya fizi. Ya fiziyo ndikudziwa kale kuti ichokera m'thumba la yani. A Mdala a ku Limbe, ngati n'kotheka ndifotokozereni mmene mashifiti a usiku amayendera pa boda, chifukwa ine pamenepo mtima sunakhazikikebe.