Ndisiye FL Studio 11 kapena ndikhale nayo?

Mabiti_Ndirande:
Akuluakulu, ndithandizeni maganizo. Ndimapanga mabiti pa FL Studio 11, pulogalamu yopangira nyimbo ija ya mu 2013. Laputopu yanga ndi yakale, RAM yake 4GB basi, koma 11 imayenda bwinobwino. Manja anazolowera moti ng'oma ndimaziyala osayang'ana n'komwe. Tsono mnzanga ali ku Johannesburg akufuna tipangire limodzi nyimbo ya kwaya yathu, iye ali pa FL Studio 20. Akuti nanenso ndisamukire pa 20. Kodi nyimbo imamveka bwino chifukwa cha pulogalamu yatsopano? Ya laputopu ina ndilibe, mwana akuyamba fomu 1.

Mlongo_wa_Kiyibodi:
Achimwene, khalani nayo. Womvera mu minibasi sangadziwe kuti biti yapangidwa pa 11 kapena pa 20. Pamene pangavute ndi potumizirana mapulojekiti: yanu ya 11 itseguka kwa iye, koma yosungidwa pa 20 musayembekezere kuti itseguke kwa inu. Ndiye muzitumizirana mafayilo a mawu a WAV. Chida chilichonse pachokha, kick payokha, bass payokha, zonse ziyambire pa bar yoyamba, ndipo mugwirizane tempo (liwiro la nyimbo) musanayambe. Pa WhatsApp muzitumiza ngati document kuti mawu asaphwanyike.

Bambo_Studio_Zomba:
Ine makwaya ndimajambulabe pa pulogalamu ina, Cubase 5, ya mu 2009. Pali pulagini (chida choonjezera mu pulogalamu) ina ya piyano, ya 32-bit, imene azimayi a Mvano amaikonda, ikangolira amayamba okha kuyimba. Kuyambira Cubase 9, mapulagini a 32-bit anasiya kulandiridwa, n'chifukwa chake sindinasunthe. Koma mwana wanga, samala chinthu chimodzi. Ngati uli pa Windows 7, zigamba zachitetezo zinasiya kubwera mu Januwale 2020. Kompyuta yanga ya studio sindiilumikiza pa intaneti, ndipo fulashi ya mlendo siilowamo ndisanaipime kaye pa makina ena. Ndinatayapo nyimbo zisanu ndi imodzi za kwaya ina chifukwa cha fulashi yodwala, mpaka lero zimandiwawa.

Mlongo_wa_Kiyibodi:
Ndinaiwala china. Ngati munagula yanu, Image-Line, kampani yopanga FL Studio, imapereka zatsopano kwaulere moyo wonse. Mutha kuika 20 mu foda ina osachotsa 11, n'kuona ngati laputopu ikwanitse. Dziwani chabe kuti ma pattern block aja, timabokosi toyalira zigawo za nyimbo, anachotsedwa kuyambira pa 12.

Mabiti_Ndirande:
Zikomo achemwali, zikomo bambo. Ma block ajawo ndi amene ndimagwiritsa ntchito, ndiye ndikhala pa 11. Tagwirizana tempo 96, ndimutumizira ng'oma ndi bass usiku uno.