Za nyimbo za mufilimu zija: nazi zomwe zachitika

Mwezi watha ndinafunsa ngati gulu lathu la anthu anayi kuno ku Kasungu ligulitsiretu nyimbo zomwe tikupekera filimu ya mlimi wa fodya, kapena umwini ukhalebe wathu. Ambiri munati tisasaine msanga. Zikomo kwambiri, munatithandiza.

Tinakwera minibasi ya pa M1 kupita ku Lilongwe, ku ofesi ya COSOMA, bungwe loteteza umwini wa ntchito zaluso lomwe linakhazikitsidwa mu 1992. Titabwerako tinakhala pansi ndi mkulu wa filimuyo. Tagwirizana kuti nyimbo azigwiritse ntchito mufilimu yokhayo, umwini ndi wathu, ndipo mayina athu alembedwe kumapeto. Ndalama zachepako ndithu, koma mtima wanga uli m'malo.

Ntchito yeniyeniyo ndiye yatiphunzitsa zambiri. Ife tinazolowera zoimba m'maukwati, poti anthu avine. Apa ayi. Mufilimuyo muli malo pomwe mayi akusoka fodya m'chigafa, mwamuna wake atapita ku okushoni osabwerako. Tinaikapo gitala, ng'oma ndi kiyibodi, ndipo chisoni chonse chinathawa. Tinachotsa chimodzichimodzi mpaka panatsala kaligo yekha, woimba agogo ena a kwa Santhe, ndi kulira kwa njiwa kumbuyo. Titaonera pa kompyuta, mnzathu wa ng'oma anangoti zii, misozi ili lengelenge.

Timajambula usiku chigayo cha pafupi chikatseka. Zatsala nyimbo ziwiri, ndipo ya pamaliro ndi yomwe ikundisowetsa tulo, chifukwa sindikufuna imveke ngati ya kwaya ya kutchalitchi.