Thandizeni: The House of the Dead: Remake ndigule pa Switch kapena pa kompyuta?

Abale anga pagulu pano, ndigawireniko nzeru ndisanatulutse ndalama.

Achimwene anga aakulu ndi amene anandiphunzitsa The House of the Dead, ija ya Sega yomwe inatuluka pa makina a arcade oponyamo kandalama kachitsulo. Pa anthu awiri a m'gemumo, iwo ankakhala Thomas Rogan, ine G. Ndinali wamng'ono moti mfuti ija ndinkaigwira ndi manja awiri, zipolopolo 6 zikatha n'kumangokhethemula chabe, mazombi ali pamphuno. Iwo osandiyang'ana n'komwe, amangokuwa kuti, "Lozetsa kunja, iwe! Lozetsa kunja kwa sikirini uwombere!" Mawu amenewo ndimawamvabe mpaka lero. Chariot, chimphona cha chinkhwangwa chija, tinkachigwetsa, koma kwa Magician, mdani womaliza, sitinafikeko ngakhale kamodzi, ndalama zinkatithera panjira.

Pano achimwene anachitidwa opaleshoni ya mwendo, akhala pampando miyezi ingapo, ndipo ndikuona kuti akuboweka kwambiri. Ndamva kuti gemuyi anaikonzanso mu 2022, anapanga ndi a MegaPixel Studio, ofalitsa ndi a Forever Entertainment. Ndikufuna tikamalize limodzi zomwe tinasiyira panjira. Vuto ndi lakuti iwo padi, choseweretsera gemu chija, siigwirika m'manja mwawo, timitengo tiwiri tija timawasokoneza. Ndili ndi Switch, makina a magemu a Nintendo, komanso kompyuta yamphamvu pang'ono. Ndigule pati kuti amve ngati agwiranso mfuti? Nanga mfuti zakale zija sizingagwire pa TV ya masiku ano?

Woyankha 1:
Za mfuti zakale iwalani achimwene. Zambiri mwa izo zinkadalira TV ya chimsana ija, ya CRT. TV imeneyo imajambula chithunzi mzere ndi mzere kuchokera pamwamba, ndiye mukakhethemula, kadiso ka m'mfutimo kamaona nthawi imene kuwala kwadutsa pamene mwalozapo, makina n'kuwerengera malo. TV zopyapyala zamasiku ano sizijambula choncho, kadisoko kalibe choti kawerenge. N'chifukwa chake pa Switch mumaloza ndi gyro ya mu Joy-Con, kapadi kakang'ono ka Switch. Koma dziwani kuti gyro siiona TV, imangomva kupendeka kwa dzanja lanu. Mukasewera kanthawi, kachizindikiro kolozera kamayamba kusemphana ndi kumene dzanja laloza, ndiye mumayenera kukabwezera pakati pafupipafupi.

Woyankha 2:
Ine ndi mkazi wanga timasewera pa Switch ndipo timasangalala. Chinsinsi n'kusatambasula mkono ngati uli ku arcade. Tsamiritsani chigongono pantchafu kapena pamkono wa mpando, muziyendetsa dzanja lokha, komanso muchepetse sensitivity, liwiro la kachizindikiro kolozera, musanayambe. Kwa munthu amene akukhala pampando kale, zimenezi zikhoza kumuyendera bwino.

Woyankha 3:
Ayi, poti kompyuta muli nayo, gulani pa kompyuta basi. Mausi imaloza molondola kuposa gyro, ndipo munthu wosazolowera padi amaigwira tsiku lomwelo. Mukafuna mfuti yeniyeni m'manja, pali Sinden Lightgun. Ili ndi kamera mkati, imayang'ana mzere woyera umene umazungulira m'mphepete mwa sikirini, ndiye imagwira pa TV zamakono. Kungoti kuikonza kuti igwirizane ndi gemu kumafuna kudekha, makamaka mukafuna mfuti ziwiri. Muyambe mwayesa nokha, musakayesere pamaso pa wodwala.

Wofunsa:
Zikomo nonse. Koma mausi pampando wa pabalaza, mwendo uli pa pilo, zitheka? Ndipo chinthu china: gemuyo ndi yomweija kapena anaisintha? Ndikuopa kuti angaione n'kunena kuti si imeneyi.

Woyankha 3:
Kathabwa pamiyendo, mausi pamwamba, zatheka.

Woyankha 4:
Nkhani ndi yomweyo. Nyumba ya Dr. Curien, Sophie Richards akutengedwa ndi Hangedman koyambirira kuja, zigawo zinayi, adani ake aakulu Chariot, Hangedman, Hermit ndi Magician. Njira zimagawikanabe malinga ndi zomwe mwachita, ndipo asayansi aja mukawapulumutsa ena amakupatsani moyo wowonjezera, mukawawombera mwangozi moyo wanu umachepa. Chomwe achimwene anu adzazindikire msanga ndi nyimbo, chifukwa anaikamo zatsopano. Muwauziretu zimenezo asanakhale pansi. Anawonjezeramo Horde, momwe mazombi amabwera chigulu, koma imeneyo musayambire. Gemuyi ndi yaifupi, osafika ola limodzi mwaimaliza. Inapangidwa kuti muziibwereza n'kumayesa njira zina, ndiye musadabwe.

Woyankha 2:
Ndionjezereko. Kusewera awiri pa Switch n'kosavuta, aliyense Joy-Con yake, mwayamba. Inu cholinga chanu n'choti mukhale pambali pa achimwene anu, osati kuphwanya rekodi. Ine ndikanayambira pamenepo, mfuti ya kamerayo n'kudzaiganizira mukaona kuti gemu aikonda.

Wofunsa:
Mwandimasula. Mfundo yoti aliyense agwire yake ndi imene yandigwira mtima, chifukwa ine kungowapatsa mausi n'kumaonerera sizomwe ndikufuna. Ndigula pa Switch, ndiyeserera ndekha masiku awiri kuti sensitivity ndi batani lobwezera pakati ndizidziwe bwino, kenako Loweruka ndipita nayo. Za nyimbo ndiwauziratu. Funso lomaliza kwa amene munamugwetsapo Magician muli awiri: ndi bwino wina azithyola mipira yamoto ija mnzake akuwombera thupi, kapena tonse tizilimbana ndi thupi?